Tsiku Limene Ndinamasulira Filimu ya Chivietnam

Nkhani iyi amuna anga amaikamba paliponse pamene Amalawi asonkhana, ndiye bola ndiikambe ndekha, manyazi andithere kamodzi.

Mwana wathu Mphatso ankakwanitsa zaka zisanu mu July, nthawi imene Doha amatentha moti ndi mphaka yemwe satuluka panja. Kupaki ayi, mpira ayi. Ndinamulonjeza katuni ya superhero yoti aonere ndi anzake pa flat pathu ku Bin Omran. Koma ine ndine mayi wamantha. Mwana wanga sadya chinthu ndisanachilawe, saonera chinthu ndisanachione. Timakhala pamwamba, ndiye ndikangomva za anthu ouluka mtima umachita phaa, kuopa kuti tsiku lina adzayesa nayenso.

Filimuyo anandipatsa ndi Hanh, mnzanga wa ku Vietnam amene timagwira naye ntchito kuhotela ku Al Dafna. Anandiikira pa flash, mawa lake n'kukwera ndege kupita kwawo ku leave.

Ndinaiyesa masana. Bambo a Mphatso ndi nesi, akachokera ku night amagona usana wonse, ndipo khoma la chipinda chathu ndi thabwa chabe. Choncho TV yathu inazolowera kukhala pa mute. Filimu itangoyamba, mmunsi munatuluka mawu olembedwa. Zilembo zake ngati zathu zomwe, koma china chavala chipewa, china chasenza ndodo, china chili ndi kadontho kunsi. Ndinagwira mutu. Hanh wandipatsa filimu ya Chivietnam!

Zokweza volume sindinaziganizire n'komwe. Ndikamve chiyani? Nanga akamatukwana, ine ndidziwa bwanji? Mphatso amatola mawu ngati nkhuku pa mphale. Mawu a Chiarabu ngati "yalla" ndi "khalas" anatola kwa dalaivala wa basi tsiku limodzi lokha. Ndinalumbira kuti mawu a filimu imeneyi salowa m'khutu mwa mwana wanga.

Apa m'pamene ndinakumbukira kwathu ku Ndirande. M'ma video show, filimu ya Chitchaina imalankhula Chichewa. Munthu mmodzi amalankhulira onse, mfumu, msilikali, ngakhale hatchi, anthu n'kumaseka mpaka kugwa pa benchi. Ndinati, ngati iwo aja amatha, ine wa Form 4 ndingalephere?

Masana atatu ndinaionera ili duu, kope pamwendo, ndikulemba nkhani yake. Munali anthu awiri ofunika. Woyamba mnyamata wa nsalu kumsana, wongodumpha pa nyumba zitalizitali ndi kuswa mawindo. Wachiwiri bambo wa suti ndi tayi, tsitsi lopesa bwino, womwetulira, akalowa mu ofesi onse amaimirira. Ameneyu ndinakhulupirira ndi mtima wonse kuti ndi munthu wabwino. Wa nsaluyo ndinamutcha Samva. Wa sutiyo ndinawatcha a Malume, amene akungofuna kubweza mwana wa mlongo wawo kunyumba.

Lachisanu masana kunabwera ana anayi, pamodzi ndi Mayi Nyirenda, aphunzitsi amene ine ndimachita nawo manyazi ngakhale kuwalembera meseji. Titadya keke ndinayatsa TV, limoti n'kuibisa pansi pa khushoni ya mpando wanga.

"Anti, sound," anatero Tamanda, mwana wa Mayi Nyirenda, wa zaka zisanu ndi zinayi.

"Sound ndine. Khalani pansi."

Ndinayamba pang'onopang'ono, koma pasanathe nthawi mzimu wa ku Ndirande unanditsikira.

"Uyu ndi Samva! Wachoka pakhomo osatsanzika! Taonani wadumpha! Mphatso, mwana wabwino amadumpha?"

"Ayi!"

"Amatani?"

"Amatsika pa masitepe!"

Wa suti uja atatulukira ndinakulitsa mawu. "Odi kuno! Ndine malume wake wa Samva. Mwamuonako mwana wa mlongo wanga? Chakudya chikuzizira!"

Ana anaseka mpaka kugubuduka pa kapeti. Mayi Nyirenda anali atatseka pakamwa ndi kansalu, mapewa akugwedezeka. Ine ndinati, ehe, luso ndi limeneli. Ndinaimirira. Kope ndinaliponya uko.

"Mphatso, waona a Malume? Tayi ali nayo, nsapato zopolisha, sadumpha. Uziwatsanzira amenewa!"

"Chabwino, amama."

Kenako a Malume anatulukira atakwera chimakina chachikulu cha miyendo inayi, chikulavula zinthu zobiriwira.

"Anti, chimenecho n'chiyani?" anafunsa Tamanda, nkhope ili yoongoka ngati ya wapolisi.

"Makina otsukira mawindo. A Malume akufuna kukonza zimene waononga Samva."

"Nanga anthu akuthawiranji?"

"Akuopa kunyowa."

"Nanga nyumba ija yagweranji?"

"Inali yakale! Iwe Tamanda, taonera filimu!"

Phokoso linadzutsa bambo a Mphatso. Anaima pakhomo la kuchipinda, maso ali psuu, akuyang'ana mkazi wawo ali pakati pa balaza, mkono umodzi m'mwamba, akukuwa kuti, "Samva, tsika apo! Tsika ndisanawaimbire amako!"

Samva anamenya chimakina chija chibakera, a Malume n'kugwa chagada. Nanenso, pofuna kuti zimveke bwino, ndinadzigwetsa pa mpando. Khu! Pa khushoni pomwe paja.

TV inatsegula pakamwa.

Abale anga, chinali Chingelezi. Chingelezi choyera, chomveka bwino kuposa cha manijala wathu wa kuhotela. Ndipo amene ankalankhula anali a Malume, akuseka chiseko choipa, akulonjeza kuti aphwanya mzinda wonse osasiya ndi khola la nkhunda lomwe.

Ndinafufuza limoti pansi panga, koma m'malo mozimitsa ndinawonjezera volume.

Mayi Nyirenda anatsetsereka pa mpando mpaka pansi, misozi ili mbwembwembwe. "Amake Mphatso, ndithu mwandipha! Chivietnam ndi cholembedwacho basi!"

"Masiku atatu onse aja," anatero amuna anga, "simunakweze volume olo kamodzi?"

"Ndimasunga tulo tanu inuyo!"

"Ife tinaionera kale mu ndege, Anti," anatero Tamanda. "Koma mami ananditsina kuti ndikhale chete. Yanu ndiye yokoma."

Ndinathawira kukhitchini, kukatsuka mbale zotsuka kale.

Mmawa mwake ndinapeza Mphatso ataima pa galasi. Wavala tayi ya bambo ake yofika m'mawondo, tsitsi wanyowetsa n'kulipesa mbali imodzi, manja waika kumbuyo.

"Ndikadzakula ndidzakhala a Malume," anatero.

"Iwe! Aja ndi oipa! Sunamve zimene amanena?"

"Munanena nokha kuti ndiziwatsanzira."

"Ndinalakwitsa, mwananga. Wabwino ndi wa nsalu uja."

Anandiyang'ana mondimvera chisoni, n'kundisisita dzanja.

"Musaope, amama. Ine sindidumpha, kudumpha n'kwa ana osamva. Ndingophwanya mzinda basi."

Munthu wa suti, yambani mwamumva mawu musanamupatse mwana wanu.