Sabata Yanga Yokonzekera Mpikisano wa Tchesi ku Boma

LOLEMBA

Iwe amene watsegula kope lino osandipempha, yamba wayankha: unandigonjetsapo pa tchesi? Ngati sunandigonjetsepo, werenga mwakachetechete. Pa Chamama pano zaka zisanu ndi chimodzi palibe wandigwirapo mfumu. Ndinadziphunzitsa ndekha ndi kabuku kamene ndinagula pamulu wa mabuku akale kumsika.

Loweruka kuli mpikisano ku Boma. Anayi oyamba apita ku Lilongwe kukaimira Kasungu yense. Mmodzi mwa anayiwo ndine.

Ndawerenga pa foni mbiri za akatswiri amene amadyera tchesi, osalima, osagulitsa kanthu. Zimene ndapeza:
– ambiri anayamba asanagule mano
– bambo dokotala kapena injiniya
– aliyense ali ndi womuphunzitsa, ena awiri
– amathamanga m'mawa
– amadya nsomba

Ine tsitsi layamba imvi, bambo anga anali tenanti pa esiteti, ndipo m'chigafa muli fodya wosasankha. Koma kuthamanga ndi nsomba ndingathe. Kuyambira mawa.

Amake Dalitso, mkazi wanga, akuti: "Jeke yodindira ya kalabu yathu ya fodya tili nayo Lachisanu lokha. Akatswiri anuwo abwera kudzatidindira mabelo?"

LACHIWIRI

M'mamawa ndikuthamanga mumsewu wopita ku Wimbe. Ndinaiwala chinthu chimodzi: kuno munthu wamkulu sathamanga popanda chifukwa. Ndikucheuka, abambo atatu ali pambuyo panga ndi ndowa, akufunsa kuti chikupsa ndi chigafa cha yani. Ndawauza kuti ndikuthamangira tchesi. Wina wangokhuthula madzi pansi.

Bondo lakumanzere latupa.

Pofika kunyumba dzuwa lakwera, fodya wauma gwa. Amafuna kugwiridwa m'mawa akadali wofewa, ukachedwa amangofumbutuka m'manja. Amake Dalitso asankha okha. Sakundiyankhula, akuyankhula ndi nkhuku.

Nsomba za akatswiri sindikudziwa mtundu wake. Kuno kuli bonya. Ndadya bonya.

LACHITATU

Kusekondale kwabwera aphunzitsi atsopano, a Nkhoma, akuti ankasewera kukoleji. Ndawaitana pakhonde la golosale kuti ndinolerepo mano.

Ndafoletsa anthu anga pabolodi: kutsogolo matenanti asanu ndi atatu, chifukwa ndi amene amatsogola ndipo ndi amene amayamba kufa, m'makona nkhokwe ziwiri. Mayina ndi anga, kabuku kanali m'Chingerezi.

Tisanapite patali, a Nkhoma anyamula mfumu, ailumphitsa mabokosi awiri, kenako anyamulanso nkhokwe. Zinthu ziwiri ulendo umodzi, maso anga akuona! Ndaimirira. Ndawauza poyera kuti kukoleji anaphunzira kuba. Ine sindizungulira. Iwo angotulutsa foni mofatsa nkundionetsa kuti lamulolo lilipo dziko lonse.

Kunyumba ndatsegula kabuku. Tsamba 22, lotsatira 31. Zaka zonsezi ndimaganiza kuti wolembayo ndi munthu wachidule ngati ine.

Ndafufuza. Ndi alamu anga a Yohane, anathothola masambawo nkupichirira chingambwe chaka chomwe ndinakagula. Akuti: "Pepala lake linali labwino, alamu. Limayaka mosafulumira."

Chondiwawa kwambiri ndi ichi: onse osewera tchesi pa Chamama ndinawaphunzitsa ndine. Dera lonse likusewera tchesi imene alamu anasuta pakati pake.

LACHINAYI

Kuthamanga ndasiya. Bondo.

Ndapita kwa a Nkhoma, osati kukapepesa, koma kukamva zimene zinapita ndi utsi. Ndi izi:
– za mfumu ndi nkhokwe zija
– tenanti akafika kumapeto amasanduka mfumukazi. Ife timangomuchotsa pabolodi, timati wamaliza kontirakiti, wabwerera kwawo
– pali kadyedwe kena ka tenanti wodutsa pambali. Andifotokozera katatu, ndikuonabe kuti ndi chinyengo
– pali wotchi, nthawi ikakuthera wagonja ngakhale ukupambana
– chimene wakhudza, uyendetse chomwecho
– osayankhula

Ziwiri zomalizazi zandiimitsa mutu. Tonse kuno tinakulira pa bawo. Munthu umawerenga ndi chala, umagwiragwira, ukamadya umamenyetsa pabolodi kuti mnzako amve mumtima, oonerera nkumathirapo ndemanga. Masewera opanda chipongwe ndi maliro.

Tasewera kasanu. A Nkhoma apambana kasanu. Akuti ndili ndi diso labwino. Diso ndilitani ine?

LACHISANU

Jeke yabwera. Kudinda tsiku lonse, palibe kothawira. Bolodi ndaliika pamulu wa fodya, kuti ndikaponda kamodzi ndizisuzumira kamodzi.

Masana mabelo anayi asokedwa, okongola. Ndikulongedza bolodi, hatchi yakuda palibe. Pansi palibe, m'thumba mulibe.

Aliyense wolima fodya akudziwa: ku okushoni akapeza kachingwe ka pulasitiki kokha m'belo, belolo limabwerera. Nanga mutu wa hatchi?

Tasomola belo loyamba, mulibe. Lachiwiri, mulibe. Yapezeka m'lachitatu, pakatikati, itathyoka khutu. Kudindanso onse atatu, wodzatenga jeke ataima pakhomo ndi ngolo akuyang'ana dzuwa.

Amake Dalitso ayankhula nane koyamba chichokere Lolemba: "Mawa pitani ndithu. Mukapambane, akutengeni, mukakhale komweko."

LOWERUKA

Kabaza, minibasi, Boma. Pakhomo fomu. Dzina la wokuphunzitsani: ndalemba "ndekha". Kalabu yanu: ndalemba ya fodya.

M'holo muli zii ngati mayeso a Fomu 4. Masewera asanu.

Oyamba, ndi namwino wa kuchipatala. Ndikuwerenga mabokosi, chala chagunda mfumukazi. Mayiwo angoloza ndi cholembera. Ndayendetsa mfumukazi, adya, ndagonja.

Achiwiri, ndi wapolisi. Ndamupanikiza pakona, ndikusankha njira yokoma yomumalizira. Akundilozera wotchi. Nthawi yanga inatha kale.

Achitatu, ndadya bishopu wa mkulu wina wopuma pantchito ya ulangizi, pakamwa pangotuluka pokha: "Bweretsa kuno!" Holo yonse yacheuka. Woyang'anira wandichenjeza. Ndamuyankha. Wandichenjezanso. Pobwerera pabolodi mutu watentha, ndagonja.

Achinayi sindilemba.

Achisanu, ndi bambo wa tayi wogwira ntchito kubanki, amene m'mawa amauza anzake kuti amaphunzira ndi kompyuta. Manja ndawakhalira kuti asakhudze kanthu. Pakamwa ndaluma cholembera. Tenanti wanga mmodzi wayenda pang'onopang'ono m'mphepete, bambo wa tayi ali kalikiliki kusaka nkhokwe yanga. Wafika kumapeto. Sindinamutumize kwawo, ndamuveka ufumukazi. Mayendedwe atatu, mfumu yagwidwa. Bamboyo wavula magalasi, wandipatsa dzanja.

Kunja kondakitala akukuwa kuti ya Chamama yomaliza. Ndathamanga, bondo lomwelo.

LAMULUNGU

Tikutuluka m'tchalitchi, a Nkhoma andionetsa zotsatira pa foni. Opita ku Lilongwe: namwino uja, wapolisi uja, ndi ena awiri. Chabwino, anandiposa, sindikana. Ndatsika ndi chala mpaka pansi penipeni. Dzina langa, pambali pake 0.

Ndaimba foni kwa woyang'anira. Akuti wopambana amayenera kusainitsa kapepala nkukapereka patebulo lawo; kapepala sikanafike, ndiye masewerawo sanawerengedwe. Bambo wa tayi naye sanatsegule pakamwa.

Za Lilongwe ndazisiya. Kudyera tchesi nkwa anthu amene anayamba ali pamsana, ine ndidyera fodya mpaka Mulungu atanena zina. Mawa m'mamawa ndili m'chigafa, amake Dalitso anena kale kuti bolodi lisayandikire kumeneko, ndipo ndavomera.

Koma ziro uja ayi. Mndandandawo wazungulira mafoni onse a pa Chamama, alamu omwe auona ndipo aseka mpaka kutsokomola. Ndinagonja kanayi, lembani kanayi, sindidandaula. Kachisanu ndinapambana, anthu anaona, bamboyo anandipatsa dzanja. Inu a mpikisano, mufunseni, akakana mundiitane tidzabwereze pamaso panu. Fufutani ziro, lembani 1, mutumizenso m'mafoni momwe munatumiza poyamba.