Mlendo amene ndinamudziwa pa bwalo la ndege la Chileka

Nkhani iyi ku Lirangwe amaifotokoza mothira mchere wambiri, choncho ndi bwino muimve kwa ine mwini wake, ngakhale sikundikomera.

Zaka za m'ma 1970 ndinali mphunzitsi pa sukulu ina ya mishoni, ndipo pa nkhani ya kanema panalibe wondiposa. Mwezi ukatha ndinkazemba kupita m'tauni kukaonera mafilimu a anthu okwera akavalo. Munali katswiri wina wa ku Amereka, wamtali, wa chipsera pachibwano, yemwe ife tinkangomutcha Achipewa. Mbiri yake ndinkaidziwa pamtima: anayamba ndi kugwirira anzake akavalo, kenako ankasewera chigawenga chofa filimu isanafike pakati, mpaka anadzakhala iyeyo wotsala wamoyo pomaliza. Ndinkadziwanso kuti analowa pa wailesi ya kanema (chinthu chomwe kuno kunalibe, ndipo ndinali ndisanachionepo, koma ndinkachifotokoza bwino zedi). Zonsezi ndinkaziwerenga m'magazini omwe msuweni wanga anabwera nawo kuchokera ku Joni.

Nthawi imeneyo ndinkafunsira Esnati, ndipo mawu omaliza anali kwa amalume ake, a Kamwendo, mkulu wa mpingo wosaseka wamba. Loweruka lina anandiitana kuti ndiwaperekeze ku Chileka kukalandira mlendo wa mpingo.

"Inu Chingerezi mumachitha, aphunzitsi," anatero.

Ndinameta tsitsi, khadi la chipani m'thumba, taye pakhosi. Zoti mlendoyo ndi ndani sindinafunse.

Ndege itatera, amayi a mpingo anayamba kuyimba. Anthu akutuluka, maso anga anagwera pa mzungu wamtali, chipewa chachikulu kumutu, chipsera pachibwano. Achipewa enieni! Za mlendo wathu ndinaiwaliratu. Ndinadutsa a Kamwendo n'kukamugwira chanza ndi manja awiri.

"Takulandirani, bwana," ndinatero m'Chingerezi cha m'kalasi. "Ntchito zanu zonse ndaziona."

Iye anamwetulira. "Zikomo m'bale. Si ine, koma Ambuye."

Ndinati mumtima, taonani kudzichepetsa kwa anthu otchuka! Mphamvu zinandichulukira. Ndinakweza mawu kuti Esnati, yemwe anali m'gulu la oyimba, aone munthu amene akukwatirana naye.

"Amuna asanu aja munawawombera m'bala la mowa muja, ndinaimirira n'kuwomba m'manja!"

Nyimbo inayamba kuchepa mphamvu. A Kamwendo anatsokomola kumbuyo kwanga (iwonso Chingerezi ankachimva, anali kalaliki wa pa boma). Ine ndinayesa nsanje.

"Ndiye mkazi wa mwini bala uja," ndinapitiriza ndikutsinzina diso limodzi, "pomwe munkamupsompsona anadulapo, koma ife tinadziwa."

Ndipo kuti asakayike zoti ndimamutsatiradi, ndinakhotetsa miyendo n'kusolola zala ziwiri m'chiuno ngati mfuti. Chigongono changa chinamenya dengu la mazira lomwe mayi wina ananyamula ngati mphatso. Mazira aja anathera pa nsapato za mzungu uja.

Iye anayang'ana nsapato zake, n'kuyang'ana ine. Kenako anayankhula m'Chichewa chomveka bwino, poti anakhalapo kuno ali mnyamata.

"A Kamwendo, kodi m'baleyu ndi wa mpingo wathu?"

"Abusa," anayankha a Kamwendo akuyang'ana pansi, "ameneyu ndi amene amatiphunzitsira ana."

Ulendo wobwerera ndinakhala kumbuyo kwa lole pamodzi ndi katundu. Esnati anafunda chitenje kumutu kuyambira ku Chileka mpaka ku Lirangwe.

Mawa lake ndine ndinamasulira ulaliki wa abusawo, poti pa guwa ankalalikira m'Chingerezi ndipo panalibe wina womasulira. Anasankha lamulo loletsa kunamizira mnzako, ndipo mawu aliwonse anatuluka pakamwa panga pamaso pa mpingo wonse. Lolemba akulu a mpingo anandikhazika pansi kuti ndifotokoze chomwe mphunzitsi wa mishoni amakafuna ku kanema. Ukwati unachedwa ndi chaka chathunthu.

Esnati ndinamukwatira ndithu, koma anaika lamulo: tikakumana ndi mlendo, amayamba kupereka moni ndi iye. Lamulolo ndalisunga zaka zonsezi. Kungoti tsiku lina pamsika wa Lunzu ndinaona munthu wofanana ndendende ndi katswiri wina wankhonya, ndipo ndinali nditakunga kale zibakera pamene mayi wa kunyumbayo anandiponda phazi.