A Jobson ndi Makina Oimitsa Nthawi

Aliyense amene anakhalako pa boda ya Mchinji zaka za m'ma 1990 akuwakumbukira a Jobson Mbewe okonza mawotchi, bambo amene anali pa nkhondo ndi nthawi. Ine ndinkasoka nsapato pakhonde lomwelo, ndiye zawo ndinazionera pafupi.

Munthu wosakhazikika ngati ameneyo sindinamuonepo. Moni ankakupatsani atakudutsani kale, yankho n'kukalimvera kutsogolo. Kutchalitchi ankakhala pafupi ndi khomo, mwendo ukugwedera, diso lili pa mawotchi atatu amene ankavala pamkono umodzi.

"Bwanji atatu, a Mbewe?" ndinawafunsa tsiku lina.

"Imodzi ikanama, awiriwo amaigwira."

Chaka chimene zipani zinachuluka, iwo anati zinthu zayamba kuthamanga mopyola muyeso. "Dzulo chipani chimodzi, lero khumi. Dzulo khanda, lero ndevu. Palibe amene akuponda buleki!" Kenako anasowa milungu iwiri. Pobwera anali akukankha wilibala, mmenemo muli gudumu la njinga, batire ya galimoto, wotchi yaikulu ya pakhoma, mawaya osawerengeka, ndi chigwiriro cha chitsulo chimene anazula pa chigayo chakufa cha ku Kapondo.

"Makina oimitsa nthawi," anatero. "Ndikakoka apa, dziko lonse liima nji!"

Anthu anasonkhana: osintha ndalama, amayi a zitumbuwa, madalaivala odikira mapepala. A Jobson anakoka. Gudumu linazungulira, kautsi kanatuluka, wotchi ija n'kuimadi. Ife mwachipongwe tonse tinauma pomwe tinali, wina dzanja lili m'mwamba, wina chitumbuwa chili kukamwa. A Jobson anatizungulira mwachimwemwe. Koma pambali pawo mbuzi inali kutafuna katoni bwinobwino.

Mayi Anasi a zitumbuwa analephera kupirira. "Nanga mbuziyo?"

"Mbuzi sidziwa nthawi, mayi. Ndiimitsa bwanji chimene ilibe?"

Mbiri inafika patali. Tsiku lina dzuwa litapendeka, dalaivala wa thiraki dzina lake Rodrick anafika akuthamanga, thukuta lili kamukamu. Mapepala ake anali asanathe, geti linali pafupi kutsekedwa, ndipo mawa lake anali ndi chinkhoswe ku Chipata.

"Bambo, ndigwirireni mphindi makumi awiri zokha!"

A Jobson anavula jekete, anakoka chitsulo ndi manja awiri, n'kuchitsamira ndi thupi lonse. "Thamanga, mwana wanga, ndaigwira! Koma ikupalapata!"

Geti linatsekedwa Rodrick akadali pamzere. Anabwerera atalusa.

"Ya ku Malawi ndinaigwira ndithu," anatero a Jobson akupukuta nkhope. "Yakupweteka iwe ndi ya ku Zambia."

"Geti lake ndi la kuno, bambo!"

"Eya. Inachokera ku Mwami n'kudutsa pansi pa mpanda, yopanda pasipoti. Zimenezo kawafunse a kasitomu."

Rodrick anaseka mpaka kukhala m'fumbi. Chinkhoswe anachipeza, ngakhale anafika akuchikazi atayamba kale kung'ung'udza.

Munthu yekhayo amene makinawo sankamuseketsa anali akazi awo, mayi Stelia. Loweruka lina popita ku maliro ku Mlonyeni anawasiyira nyemba pamoto kuti aziyang'anira. A Jobson anayang'anira mphindi zitatu, miyendo inayamba kuyabwa. Anakokera wilibala kukhitchini, anagwetsa chitsulo, n'kunyamuka kukamvera mikangano ya ndale kumsika. Mayi Stelia anapeza makala okhaokha mumphika.

"Bambo a Consolata, ichi n'chiyani?"

"Nthawi inaima, mayi. Koma moto sunauzidwe."

Sabata imeneyo a Jobson anadyera chigwada pakhonde pathu.

Mu 2003 mayi Stelia anadwala. Anapita nawo kuchipatala kawiri, kachitatu madokotala anangoti abwerere nawo kunyumba. A Jobson sanabwerenso pakhonde. Nditapita kukazonda, ndinapeza makina aja ali m'chipinda, pafupi ndi mphasa ya wodwala. Gudumu silinkazungulira, batire inali itatha kalekale. Chitsulo anali atachimangirira pansi ndi lamba wa thalauza lawo.

Mayi Stelia anatsegula maso pang'ono. "Yaima?"

"Yaima, mayi."

"Ndiye palibe kothamangira. Ndipeseni tsitsi."

Ndinawaona a Jobson akupesa tsitsi la akazi awo pang'onopang'ono, chingwe chimodzichimodzi, akuwafotokozera za tsiku limene anakumana pa mpira ku Kapondo. Milungu itatu anaitha chomwecho. Mayi Stelia anamwalira Lachinayi m'mawa.

Nditawapepesa a Jobson, anandigwira dzanja. "Makina aja anagwira ntchito, achimwene. Madokotala anati masiku anayi. Ife tinapeza makumi awiri ndi limodzi." Sindinatsutse. Mpaka lero sinditsutsa.

Iwo anatsatira chaka chotsatira, mvula itangoyamba. Lole imene inanyamula maliro awo inafa pamsewu wa ku Kapondo, tinakhala pamenepo maola atatu, amayi a kwaya nyimbo zitawathera. Ndiye mayi Anasi anapukusa mutu n'kuti, "Akoka chitsulo bambowa." Tinaseka misozi ili mbwembwembwe, ngakhale abusa anabisa nkhope m'Baibulo.

Pomwe panali tebulo la a Jobson tsopano pali kanyumba kogulitsiramo mayunitsi. Aliyense nthawi ali nayo m'thumba, pa foni, palibe amene amafunsa mnzake. Mathiraki amabwera, amapita, fumbi limakwera n'kutera. Ine ndimasoka nsapato zanga, ndipo nthawi zina ndimatembenuka kuti ndiyankhule, n'kupeza khoma. Dzuwa la pa boda masiku ano limangolowa mwaufulu, popanda ndi mmodzi yemwe wolikalipira.