Maliro Anga a Mufilimu ku Chiparamba

Lolemba

Zaka khumi ine mphunzitsi ndikulemba maganizo anga m'nyuzipepala, sabata ino ndine wa mafilimu! Msuweni wanga Gilbert, wojambula maukwati ku Lusaka, wafika ndi kamera ya vidiyo. Abwerera Lamulungu. Filimu yathu ndi ya maliro a malemu mkulu wanga Yona. Tsiku loika ndinali ku msonkhano wa alembi, sindinabwere. Ndinazilemba kale m'nyuzipepala, koma mtima sunakhale pansi.

Zofunika: bokosi, olira asanu, m'busa, womwalira mmodzi.

Lachiwiri

Kalipentala wa ku Kapata akukana kubwereketsa bokosi. "Bokosi silibwerera, aphunzitsi. Likatuluka latuluka." Chabwino, mphasa ndi bulangete. Womwalira sakupezeka. Aliyense akufuna ubusa!

Lachitatu

M'mawa womwalira wapezeka: a Tembo okonza njinga. Masana akazi awo akuti akagona m'mphasamo asapondenso pakhomo. A Tembo adzuka asanafe. Tikulunga thunthu la nthochi.

Gilbert akuwerenga mapepala anga, akupukusa mutu. "Asuweni, munthu wolira salankhula mapeji atatu." Ndikudula. Zikuwawa ngati kuzula dzino labwino.

Lachinayi

Chiparamba, kwa amayi. Ndikuwafotokozera kuti ndi sewero chabe. Akundiyang'ana nthawi yaitali, akuti: "Chabwino."

Nzeru yandibwerera: mawa ndiyala masamba aawisi pamsewu, monga timachitira pakagwa maliro, kuti zioneke zenizeni.

Lachisanu

Zaoneka zenizeni!

Apanjinga akutsika, akukankha. Azimayi a mpingo akubwera ndi nkhuni ndi ufa. Azibambo anyamula makasu, akufunsa pokumba. Olira anga asanu amezedwa m'gulu la olira enieni. Ndikukuwa kuti ndi nthochi, nyimbo yaphimba mawu anga.

Kenako amayi atuluka, akhala pafupi ndi mphasa, ayamba kutchula Yona. Gilbert waika kamera pansi, wavula chipewa. Ine ndakhala pafumbi pambali pawo, mapepala ali m'manja, ndikulira mokweza. Pepalalo silikunena zimenezi.

Loweruka

Kupepesa nyumba ndi nyumba. Kubweza ufa, koma wasakanikirana, mwini wake sakudziwika. Mkulu wa mpingo: "Imfa saiseweretsa, aphunzitsi. Sukulu yonseyo?" Manyazi andigwira mpaka kumapazi.

Zili patepi: mapazi a anthu, fumbi, nkhuku imodzi ikudutsa.

Lamulungu

Gilbert wakwera basi ndi kamera yake. Filimu palibe, ndipo sindikudandaula monga ndimayembekezera. Mwina ndine wa nyuzipepala basi.

Tikuchokera kutchalitchi, amayi akuyenda patsogolo, akulankhula osacheuka: "Wachedwa zaka zitatu, koma wafika. Mawa utenge khasu, tikalambule pa mkulu wako."

Ndavomera. Sindikudziwa n'komwe pamene anagona. Akandionetsa.