Malata Atsopano, Amalume Akubwera

Lolemba
Malata akhomedwa. Amuna anga agulitsa mpunga wonse kuti amalume asiye kuwatchula "mkamwini wa kanyumba kaudzu." Amalumewo akubwera Lamulungu masana kudzaona. Koma masana m'nyumbamu mukutentha ngati mu uvuni wa njerwa. Kuwauza amuna anga sindingathe, angakhumudwe. Ndikonza ndekha mwakachetechete.

Lachiwiri
Zomwe ndikuona:
kandulo wapindika yekha pawindo
madzi a mumtsuko afunda
malata akulira "the, the" popanda wowagenda
m'mamawa mukuzizira, ndipo madontho akugwa kudenga chonsecho kunja kulibe mvula.
Kodi malata amatuluka thukuta?

Lachitatu
Ndanyowetsa masaka atatu n'kuwaponya padenga. Pobwera kumjigo ndi ndowa yachiwiri, auma gwa. Anaphiri oyandikana nafe akufuula ali pakhomo pawo: "Akudontha kale? Dzana lomweli?" Masakawo ndawakoka ndi nsungwi msangamsanga.

Lachinayi
Mitolo iwiri ya udzu pamwamba pa chipinda chochezera. Ndakwera pampando n'kugwira lata ndi dzanja. Pansi pa udzu lofunda chabe, pambali pake lowotcha! Ndiye kuti lata limangofuna mthunzi, ngati munthu. Amuna anga pofika: "Ndani akubisa malata anga?" Mitoloyo atsitsa okha.

Lachisanu
Pamwamba paletsedwa, ndiyesa pansi. Kuchipatala ku Boma kulinso malata koma sikutentha chonchi, chifukwa kuli siling'i. Zitenje zanga zatsopano ndi za chipani zokha, zomwe anagawa pamsonkhano. Ndalumikiza zinayi n'kumangirira kumitanda.

Loweruka
Zikuthandiza ndithu, kandulo waima chilili. Kungoti nkhope ya bwana wa chipani ikutiyang'ana kuchokera kudenga, kasanu ndi katatu. Amayi asuzumira n'kugwira pakamwa: "Amalume ako ndi a chipani chinacho. Akaona nkhope iyi salowa, ndipo mwamuna wako sadzamulankhulanso." Ndamasula zonse.

Lamulungu
Amalume afika atavala jekete. Akhala pakati penipeni pa nyumba. Thukuta kamukamu mpaka m'khosi, koma jekete osavula. Kenaka adzuka: "Mkamwini, mwagwira ntchito. Tiyeni panja ndiwaone bwino." Tonse takhala pakhonde pa khitchini yathu yakale yaudzu mpaka dzuwa kupendeka, kuyang'ana malata akunyezimira. Amuna anga akungomwetulira.

Mtsuko ndasamutsira kukhitchini konko, mphasa yanganso. Komwe madontho a m'mamawa aja amachokera sindikudziwabe.