Telala pa Bwalo la Osochera Masiku

Usiku wathawu ndinalota zinthu, anzanga, zoti podzuka ndinachita manyazi ndi mtsamiro wanga womwe. Bawo lero musandiwerengere, ndifotokoza manja akugwira ntchito. Mukudziwa kuti mwana wanga Felesiya akukwatiwa Loweruka likubwerali, ndipo diresi lake ndinalumbira kuti ndisoka ndekha, ine bambo wake, telala wa zaka makumi atatu pakhonde lino. Nsalu anandipatsa mu Epulo. Mpaka dzulo inali isanalawe sizasi.

Ndiye ndikulota ndili pakhonde pompano, mwadzidzidzi tepi yanga yoyezera yatsika pakhosi, yandimanga manja, n'kundiuza mwaulemu kuti ndamangidwa. Ndinaifunsa kuti iwe, zaka zonse takhala limodzizi, ungandichite zoterezi? Inangoti ntchito ndi ntchito. Ndiye tinakwera minibasi yoyenda chafutambuyo, kondakitala akuitanira kuti Lachinayi, Lachitatu, otsika pa Dzulo asendere kukhomo. Ife tinakatsikira pa bwalo loweruza anthu ndi zinthu zosochera masiku.

Kumeneko lamulo n'lakuti aliyense azikhala m'tsiku lake. Kufika msanga ndi mlandu, kuchedwa ndi mlandu, koma waukulu kuposa yonse ndi kusocheretsa anzako. Pabenchi ndinakhala ndi mvula ya mu Julaye, itazyolika, ndi mkulu wina amene anachoka pakhomo kuti akukagula machesi Felesiya asanabadwe, n'kubwerako sabata yatha akufunsa ngati madzi osamba atentha. Panalinso khanda lobadwa patangotha miyezi isanu makolo ake atakwatirana. Ilo analimasula msanga, akuti mwana woyamba sawerenga kalendala.

Ndiye anaitana dzina langa, Chikakuda. Oweruza anali mayi wa magalasi, koma atangotsegula fayilo mwadzidzidzi anasanduka bilimankhwe, diso lina pa ine, lina pa chaka chamawa. Kukweza dzanja kokha kunawatengera theka la tsiku. Ndinafuna kunena kuti bwana, mlanduwutu nanunso ukukukhudzani, koma wapolisi wondimanga uja, tepi yanga, amene apa n'kuti atasanduka nkhukundembo, anandijompha pabondo.

Woimira boma, tambala wovala tayi, anati ndi mawu awiri okha, oti "mubwere mawa", ine ndachotsa anthu mazana atatu m'masiku awo. Ndinakanitsitsa. Ndinati telala aliyense amatero, umenewo ndi moni wathu wapantchito, chifukwa munthu ukamuuza zoona kuti abwere mwezi wamawa amanyamula nsalu yake n'kupita nayo kwa mnzako.

Ndiye mboni zinayamba kulowa. Kunalowa bambo wandevu atadzipanikiza m'kabudula wa yunifolomu ya Sitandade 3, amene ndinamumalizira iye ali kale ndi ana awiri. Kunalowa amayi akwaya khumi ndi awiri, akuimbabe nyimbo ya Khirisimasi ya zaka zinayi zapitazo, akuti sangaimalize malaya awo asanatuluke. Nayo sizasi yanga, imene ndimainola ndi manja angawa, inayasamula n'kuuza bwalo kuti masana ambiri imangogona, ine ndili pa bawo ndi a Gausi. Eetu a Gausi, dzina lanu linatchulidwa, musaseke.

Kufika apo ndinkaona ngati zocheza. Mwadzidzidzi khoma linang'ambika, ndikuona Felesiya ataima pakhomo la tchalitchi, maluwa kumanja, nsalu ija ili chipindire m'khwapa. Anthu onse alowa mu Loweruka, mkwati walowa, iye yekha watsalira mu Lachisanu, akuti aponye phazi, phazi likukana. Apo mtima unandiwawa zenizeni, sindikubisirani.

Bilimankhwe anagamula kuti poti mawa ndimalikonda, ndikakhale komweko moyo wanga wonse. Chilichonse ndizichipeza chitatha: ku ukwati ndizifika akutsuka mbale, adzukulu ndiziwaona atamera kale mano. Ndinagwada, ine bambo wamkulu ndi imvi zangazi. Ndinati bwana, tsiku limodzi lokha mundipatse, ndisoke diresi la mwana wanga, zinazo mundilange mmene mungafunire. Anatembenuza diso la pa chaka chamawa lija pang'onopang'ono mpaka linandipeza, n'kufunsa kuti ndiyamba liti.

Pakamwa pangapa, pakamwa pa telala, panayankha pokha ine ndisanaganize: "Mawa, bwana."

Bwalo lonse linafa nacho chiseko, tambala mpaka tayi inamasuka. Ndiye nkhukundembo ija inandigwira pakolala kundikokera ku chitseko cha kumawako, ine ndikuyesa kuitana mwana wanga.

Chinandidzutsa ndi kulira kwa makina osokera, kunja kutayera kale. Ndituluke pabalaza, ndikupeza Felesiya wakhala pa makina akale aja timasunga kunyumba, akupalasa, mapini ali pakamwa. Nsalu anali ataidula yekha, mokhota, mkono wina wautali kuposa unzake. Ndinamuuza kuti mwananga, tadzuka apo, ndisoke ine.

Sanakweze n'komwe mutu. Anangochotsa mapini pakamwa n'kunena kuti, "Musavutike, ababa. Anthu akafunsa ndidzawauza kuti mwasoka ndinu."

Ndiye anapondanso, makinawo n'kuyambiranso kulira.