Intavo ya Esinati

Lolemba

Miyendo yanga! Kuchoka ku malaini a antchito a pa esiteti mpaka ku chipatala cha mishoni ku Makwasa, kubwereranso, chiperoni chikundinyowetsa, khanda la Esinati lili kumsana kwanga chifukwa mwini wake akuti chizungulire. Pa msinkhu wanga uno! Benchi yakenso youma ngati mwala.

Ndilembe bwino ndisanaiwale. Esinati, mwana wanga wotsiriza, wokwatiwa pa esiteti ya tiyi. Amuna ake odulira tiyi. Ana atatu: Fanesi, Luka, ndi khanda la miyezi isanu. Pa khandali anatsala pang'ono kutisiya, ku chipatala anapita pa machira. Mpaka lero m'zikope moyera ngati pepala ili.

Sisitala wamuyang'ana, wapukusa mutu, watulutsa Chizungu. Namwino, mwana wa konkuno, akumasulira. Mawu ake: intapuleginansi intavo. Ndati anenenso katatu kuti ndilembe. Namwino ati, "Ingonenani intavo agogo, lilime lingathyoke."

Tanthauzo lake:

1. Mpata wa pakati pa mimba ndi mimba inzake.
2. Kuwerenga kumayamba tsiku limene mwana wabadwa, kumatha tsiku limene mimba ina yayamba. OSATI tsiku lobadwa mwana winayo. Apa ndi pamene ambiri timadzinamiza, timaonjezerapo miyezi isanu ndi inayi yabodza.
3. Ya Esinati: atabadwa Fanesi, miyezi isanu. Atabadwa Luka, inayi.
4. Yofunika: zaka ziwiri, miyezi 24. Apo ayi, ulendo wina machira sadzafika naye wamoyo.

Ife timati kutumbiza. Kulakwako dzina tinakupatsa kalekale, koma mpata weniweniwo ayi. Azungu mpaka malo opanda kanthu kuwapatsa dzina!

Sisitala ati, "Nkhaniyi ndi ya amuna ake. Inu amayi ake mukawauze."

Ine? Kuuza akamwini? Mzungu sadziwa. Zaka zisanu nkhope yawo sindinaione bwinobwino. Tikakumana panjira iwo amalowa m'tiyi, ine nsalu kumutu. Ndimawadziwa zidendene ndi katsokomoledwe basi.

Komabe kwathu ku Chimaliro sindibwerera. Ndikhala kwa achimwene ku laini yachitatu sabata yonse. Pofika Lamulungu akamwini akhala atamva. Njira ilipo: ankhoswe.

Pobwera Esinati ati, "Amayi, tamverani kaye." Ndati khala chete, sunga mpweya wokwerera chitunda.

Lachiwiri

Nkhoswe ya Esinati ndi achimwene anga a Wilisoni, alonda a ku fakitale. Zovuta za m'banja zimadzera mwa iwo, ntchito yawo ndi imeneyo. Ndawafotokozera kawiri, ndi zala zomwe.

"Zaka ziwiri? Mlongo, ine anandiitana kuti ndimange banja. Tsopano ndikhalenso mlonda wa mphasa? Fakitale ikundikwana."

Ndawakankha, apita kwa akamwini ataweruka. Abwera akumwetulira. Mwanena? "Tacheza bwino kwambiri." Za chiyani? Za mpeni wodulira, akuti wabuntha. Nanga intavo? "Inafika pakhosi apa, inabwerera."

Nkhoswe yanga imeneyo!

M'mawa, eni ake ali kumunda, ndinakaona nyumba ya Esinati. Chipinda chimodzi, anthu asanu. Kale kumudzi mkazi akachira ankabwerera kwa amake mpaka mwana ayende, athamange. Kuno nyumba anamanga ngati makola a nkhunda, nanga munthu athawire kuti.

Zimene ndapeza m'kakhitchini kuseri:

- nkhuku ziwiri, imodzi ikufungatira
- mphasa yakutha ndi chiguduli, zopinda pakona. Uve!
- nsungwi yaitali yotsamira khoma, yochekedwachekedwa ndi mpeni. Munthu wamkulu kusewera ndi mpeni ngati alibe zochita. Ndiye usabunthe bwanji?
- nkhuni youma ndi imodzi yomwe ayi.

Ndabwera ndi kalongonda wa kwathu, nyemba zolimba zija. Esinati adye, thupi libwerere.

Lachitatu

Ankhoswe alephera. Ndiye Sitandade 2 yanga igwire ntchito. Mwambo umati usawayang'ane, usawalankhule. Za kalata sunanenepo kanthu! Makolo analibe pensulo.

Ndalemba kanayi, yabwino ndi iyi:

"Kwa akamwini, bambo a Fanesi. Moni. Ine ndili bwino, miyendo yokha. Sisitala akuti intavo ya mwana wanga ikhale zaka ziwiri, kuyambira tsiku lobadwa khanda mpaka mimba ina. Inu mwakhala mukupereka miyezi inayi. Tiyi mukamudulira mumamusiya apume asanathyoledwenso. Kodi mwana wanga saposa tiyi? Gonani kwina. Ndine apongozi anu."

Yomveka. Yaulemu. Pa tiyipo ndadzigoma ndekha.

Ndapinda, ndapatsa Esinati aike pansi pa mbale ya amuna ake. Iye sukulu sanapite, ndinamulakwira pamenepo. Ati, "Muli chiyani umu, amayi? Komatu ine pali zoti ndikuuzeni." Ndati za akuluakulu, iwe ingoika.

Yatha nkhani, Lachitatu lokha! Masana ndagona ngati mwana.

Lachinayi

Mayo ine!

Akamwini SADZIWA KUWERENGA. Palibe anandiuza! Nanga pa zidendene zimaoneka?

Kwao ndi kutsidya kwa Apwitikizi, ndipo munthu wa kumeneko kalata ikamupeza ndiye kuti maliro. Esinati anati yachokera kwa akuluakulu, iwo mtima phaa. Ndiye m'mawa poitana maina, anthu onse ali pamzere ndi madengu ndi mipeni, apereka kwa kalaliki. Awerenge pompo, wamwalira ndani.

Kalaliki uja mawu ngati belu la fakitale. Wawerenga YONSE. Ndi miyendo yanga yomwe. Pa "Gonani kwina" akuti wabwereza m'Chilomwe kuti pasakhale wotsalira.

Andiuza ndi mayi a Ketulo a khomo loyandikana, akupukuta misozi ya phwete. Kapitawo akuti anachita kukhala pansi. Pofika pa sikelo masana dzina la akamwini lasintha kale. "A Intavo, mwadzuka bwanji? A Intavo, lero mugona kuti?"

Ine sindikuseka. Mwamuna wosekedwa amachita chimodzi mwa ziwiri:

- anyamuka wa ku Halale, mwana wanga atsala ndi ana atatu
- afuna aonetse anzake kuti m'nyumba mwake salamulidwa ndi nkhalamba.

Chachiwiricho ndi machira.

Esinati sakundilankhula. Achimwene akuti, "Ndinanena ine." Ananena liti? Ananena za mpeni!

Lachisanu

Pa njira yaikulu sindidutsa. Ndazembera kuseri kwa malaini mpaka ku khitchini ya Esinati, nsalu kumutu ngati esiteti yonse ndi akamwini anga.

Chiperoni tsiku lachisanu. Kalongonda amafuna moto wa tsiku lonse, kutaya madzi, kuthira ena, kutayanso, apo ayi anthu azungulira mutu. Nkhuni zonse zonyowa. Chouma chokha nsungwi ija. Ndaithyola pabondo. Yayaka bwino! Yaphulika ngati mfuti, nkhuku panja, mazira okha. Mphasa yauve ija ndayalira nkhukuzo, ipeze ntchito.

Kenaka zodabwitsa. Amayi ayamba kubwera mmodzimmodzi, aliyense akuti adzapala moto. Moto wake utsi wokhawokha! Asanu ndi awiri. Akakhala pansi, ayang'ana kukhomo, kenaka monong'ona: "Agogo, ija ananena kalaliki ija. Tandiwerengerani yanga."

Masiku palibe akudziwa. Tawerengera podulira, pa ngumbi, mango atapsa, chaka chimene denga la fakitale linasasuka.

- Mkazi wa kapitawo yemwe uja: miyezi itatu, isanu, itatu. Amuna ake anaseka mpaka kukhala pansi. Iye sakuseka.
- Mayi a Ketulo: zaka zitatu! Ndati mwakhoza. Ati, "Anakhoza ndi sitima, bambo anali ku Joni."
- Wina anayamba kuwerenga kubadwa mpaka kubadwa, akuti chaka ndi miyezi iwiri, akunyada. Ndachotsapo isanu ndi inayi. Yatsala isanu. Wachoka osatenga moto.
- Kamtsikana ka laini yoyamba: "Yopita padera imawerengedwa?" Zomwezo ndinafunsa namwino Lolemba. Anati inde, thupi linagwira ntchito, lipume ndithu.

Atapita ndawerenga yanga. Mimba zisanu ndi zinayi. Amoyo anayi. Ndayang'anitsitsa, anayiwo ndi amene anabwera nditapuma nthawi. Enawo anabwera mothamangitsana, anapitanso mothamangitsana. Panalibe wondiwerengera.

Ndatseka kope. Kalongonda akadali gwa.

Loweruka

Njira yotsiriza: khoma. Mwambo umalola. Akamwini mbali iyo, iwe mbali ino, ulankhula ngati ukuuza nkhuku.

Aweruka masana. Ndili m'khitchini, ndamva kutsokomola kuseri. Ndakhala pansi, nsalu kumutu, ndayamba. Kupepesa za kalata. Kenaka intavo yonse, 1 mpaka 4, ndi zala zomwe ngakhale sakuona. Ndanena za machira. Ndanena za asanu anga aja, amene sindinawatchulepo kwa munthu. Ndalirako pang'ono.

Ndamaliza, ndatchera khutu kuseri.

Kenaka: "Zikomo mayi, ndamva. Koma ine ndimadzabwereka nkhwangwa."

KAPITAWO!

Amuna onse a pa esiteti amatsokomola mofanana, fodya ndi chiperoni. Ndimafuna nthaka itseguke. Koma sanaseke. Wayenda pang'ono, wabwerera. "Mwati miyezi ingati?" Ndati 24. Wapita osatenga nkhwangwa.

Ndathawira kwa achimwene. Dzuwa litapendeka Esinati wafika wefuwefu. Akamwini atembenuza khitchini yonse, chakudya akana. Ndati akumanga katundu? Ati, "Amayi, nsungwi munaiona?" Ndati ili pansi pa kalongonda, phulusa. Wagwira pakamwa, wabwerera.

Munthu wamkulu kukana kudya chifukwa cha nsungwi! Ndikudziwa ine. Akufuna ponyamukira. Halale basi. Ndapha banja la mwana wanga ndi pensulo.

Lamulungu

Kutchalitchi sindinapite, amayi onse akanatembenuka.

Esinati wabwera m'mawa, wandilanda pensulo. "Lero wokhala chete ndinu."

Nkhani yake ndi iyi. Tsiku la machira, wonyamula kutsogolo anali akamwini, mpaka ku Makwasa osalola wina kuwalandira. Namwino yemwe uja anawakhazika pakhonde, anawauza zonse. Intavo anaimva miyezi isanu yapitayo, ine ndili ku Chimaliro kupalira chinangwa! Pobwera anadula nsungwi. Mwezi ukaoneka, mzere umodzi ndi mpeni. Mpaka ikwane 24. Mphasa ija ndi yawo, chiguduli ndi chawo. Kuyambira tsiku limenelo amagona m'khitchini ndi nkhuku. Sanauze munthu, kuopa kusekedwa.

Ndati bwanji sunanene kwa Sisitala? Ati, "Za mphasa, pamaso pa amayi anga?" Nanga kwa ine? "Lolemba munati ndisunge mpweya. Lachitatu munati za akuluakulu."

Ndiye ntchito yanga ya sabata ino:

1. kuwaseketsa pa esiteti yonse
2. kupatsa nkhuku pogona pawo
3. kuphikira kalongonda kalendala yawo.

Masana akamwini andiitanitsa kukhoma. Ulendo uno ndasuzumira kaye pansi. Zidendene ndi zomwezo, zong'aluka kumanzere.

Atsokomola. Mawu awo kani ndi aang'ono chonchi, zaka zisanu osawamva.

"Nkhuku inu, mukawauze apongozi. Dzina la Intavo ndalilandira. Sililemera ngati machira."

Atsokomolanso.

"Muwauzenso kuti nsungwi imapsa. Iwo ali ndi buku. Mizere inali isanu. Mwezi ukaoneka, mayi a Fanesi azikawakumbutsa, alembe."

Ndafuna kuyankha zambiri, zafika pakhosi, zabwerera. Kani achimwene sananame. Ndangouza nkhuku yofungatira ija kuti auzeni ndamva, ndipo mphasa yatsopano ndiluka ndekha.

Halale kulibe. Machira kulibe, Mulungu akalola.

Tsamba lomaliza la kope, pamwamba ndalemba ESINATI. Pansi pake:

I I I I I

Yatsala 19. Ndiye kuti ndisafe isanakwane, ntchito inanso imeneyo. Mkazi wa kapitawo watumiza mawu, akuti amuna ake akufunsa ngati m'bukumo muli tsamba lina. Kamtsikana ka laini yoyamba nakonso. Mwezi uliwonse Chimaliro, malaini, Chimaliro, ndi miyendo iyi! Ndinabwera kudzauza munthu mmodzi amene ankadziwa kale, ndikubwerera ndili kalaliki wa mimba za eni. Chabwino. Pensulo yafupika, ndisonga ndi mpeni wa akamwini, wobunthawo.

Esinati akuitana. Kalongonda wapsa tsopano, wophikidwa ndi miyezi isanu ya amuna ake. Mbale yawo ndipakula ndine, yodzaza, ndikaika pakhomo nditafunda nsalu. Ndikadye asanazizire.